Universal Men: chimbale choyamba cha Juluka, chimene wailesi inachikana

Anthu ambiri akamva dzina la Juluka, gulu loimba la ku South Africa, amakumbukira nyimbo ziwiri, Impi ndi Scatterlings of Africa, chifukwa ndi zimene zimamvekabe m'mabwalo a masewero ndi pa wailesi kuno ku Johannesburg. Chimbale choyamba cha gululi, Universal Men, chimene chinatuluka mu 1979, chilibe nyimbo ziwirizi, ndipo n'chifukwa chake ambiri amachilambalala. Ine ndikuona kuti kwa Mmalawi amene akukhala ndi kugwira ntchito mumzinda uno, chimenechi ndicho chimbale choyenera kuyambira, pakuti nyimbo zake 9 zikuzungulira pa munthu mmodzi, amene anasiya mudzi, mkazi ndi ziweto n'kubwera kudzagulitsa mphamvu zake mumzinda wa golide, ndipo tsopano sakukwanira kwenikweni kumudzi ngakhale m'tauni.

Eni chimbalechi ndi anthu awiri amene malamulo a tsankho a nthawi imeneyo ankawalekanitsa. Malemu Johnny Clegg anabadwira ku Bacup, ku England, mu 1953, ndipo anafika ku South Africa ali mwana atakhalako ku Rhodesia (lero Zimbabwe). Ali mnyamata anaphunzira gitala ya Chizulu kwa Charlie Mzila, bambo amene ankagwira ntchito yosesa ndi kukolopa m'nyumba zosanjikizana, ndipo anayamba kulowa m'mahositelo a amuna ogwira ntchito kukaphunzira magule, zimene zinamumangitsa koyamba ali ndi zaka pafupifupi 15. Sipho Mchunu anabadwa mu 1951 kudera la Kranskop ku Natal, ndipo pamene ankakumana ndi Clegg n'kuti akugwira ntchito yosamalira maluwa ndi kapinga panyumba ina ku Houghton. Mfundo imeneyi sindikufuna kuidutsa mwachangu, chifukwa lero m'mayadi ambiri a Houghton, Sandton ndi Randburg amene akugwira ntchito yomweyo ndi abale athu a ku Mzimba, Nkhata Bay ndi Mangochi. Nkhani za Juluka zikamalembedwa, kawirikawiri zimasanduka mbiri ya mzungu amene anaphunzira Chizulu, pamene Mchunu amangotchulidwa ngati woperekeza. Aliyense womvetsera chimbalechi mofatsa aona kuti sizili choncho: kaimbidwe ka gitala kamene nyimbo zonse zatsamirapo n'kake, ndipo moyo umene ukusimbidwawo ndi umene iye ankakhala tsiku ndi tsiku.

Awiriwa anayamba kuimba ndi mayina awo okha, natulutsa nyimbo ya Woza Friday mu 1976. Amene anawapatsa mpata wojambula chimbale chathunthu ndi Hilton Rosenthal, ndipo chinatuluka pansi pa dzina la kampani ya CBS. Pa nthawiyo Clegg anali ataphunzira za chikhalidwe cha anthu pa yunivesite ya Witwatersrand, kumenenso anaphunzitsa, ndipo maphunzirowo akumveka m'mawu a nyimbo zake, pena mokomera chimbalechi, pena mochilemetsa.

Maimbidwe ake ndi kukumana kwa miyambo iwiri ya gitala. Mbali imodzi kuli maskandi, kaimbidwe ka amuna a Chizulu obwera kudzagwira ntchito m'tauni, kamene chala chachikulu chimayendetsa nsambo zokhuthala pamene zala zina zikuyankha pa nsambo zopyapyala, ndipo kachigawo kamodzi kamabwerezedwa mpaka kakhazikike m'mutu. Mbali inayo kuli folk rock ya ku Britain, yokhala ndi ndime zazitali zosimba nkhani ndi kolasi yobwera pa nthawi yake. Chimene chimandigwira mtima n'chakuti palibe mbali imene yaikidwa ngati chokongoletsera chabe. Nyimbo imatha kuyamba m'Chingerezi, mwa munthu mmodzi wodandaula yekha, kenaka gulu la amuna n'kuilandira m'Chizulu ndi mawu okhuthala, ndipo pamenepo dandaulo la munthu mmodzi limasanduka la khamu lonse la m'hositelo. Amene anakulira ku Ntcheu kapena ku Mzimba sadzaona chachilendo m'kuyankhizana kumeneku, chifukwa ndi mtundu womwewo wa mawu umene timaumva pa ngoma ndi ingoma, magule amene Angoni anabwera nawo kuchokera kum'mwera kuno. Kumbuyo kwa awiriwa kuli akatswiri a jazi, monga Sipho Gumede pa gitala ya besi ndi Robbie Jansen pa chitoliro, anthu amene ankadziwika ndi gulu la Spirits Rejoice. Besi ya Gumede ndi yofewa ndiponso yodekha, ndipo chitoliro cha Jansen ndicho chimapatsa chimbalechi kamphepo kachisoni kamene zimbale zotsatira za Juluka zilibe.

Nyimbo imene chimbalechi chinatengera dzina ndiyo mtima wa nkhani yonse. Woimbayo ndi munthu amene wayenda ulendo wa pakati pa kwawo ndi kuntchito kambirimbiri, mpaka waona kuti moyo wake wonse wathera pakati pa malo awiriwo, ndipo nyimboyi ikulemekeza anthu otere monga omanga enieni a mizinda, ngakhale mayina awo sanalembedwe pa chipupa chilichonse. Mmalawi sangamve zimenezi ngati nkhani ya Azulu okha. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970 amuna a ku Malawi oposa 100,000 anali m'migodi ya dziko lino kudzera mwa Wenela, bungwe lolemba anthu ntchito za m'migodi. Mu April 1974 ndege yonyamula ogwira ntchito m'migodi inagwa ku Francistown ku Botswana n'kupha Amalawi oposa 70, ndipo Kamuzu Banda anaimitsa kulemba anthu ntchitoyi. Kulembako kunayambiranso mu 1977 pansi pa TEBA, dzina latsopano la bungweli, imene kwathu timaitcha Theba, ndipo kunatha mu 1988. Ndiye kuti pamene chimbalechi chinkajambulidwa, agogo ndi abambo athu anali m'makomponi a migodi yomweyi, akugona pa mabedi a simenti, akuwerenga miyezi yotsala pa kontirakiti. Ena sanabwerere konse, ndipo kumudzi anangotsala ndi dzina lakuti matchona. Masiku ano ulendowo ndi wa basi yochokera ku Park Station kudzera ku Beitbridge ndi ku Tete, ntchito zasintha, koma kugawanika kwa mtima kumene nyimboyi ikunena sikunasinthe.

Nyimbo imene ndimaiona kuti ndi yolemera kuposa zonse ndi Old Eyes. Munthu wabwerera kwawo patapita nthawi yaitali, ndipo wapeza kuti mudzi umene ankaulota ali m'tauni kulibenso, anthu anabalalika, kwangotsala nkhalamba yomuuza zimene zinachitika. Omvera a mu 1979 ankadziwa bwino kuti iyi ndi nkhani ya midzi imene boma la tsankho linkasamutsa mokakamiza, ngakhale nyimboyo sikutchula boma kapena lamulo. Kwa ife imalasa pena. Timakhala kuno tikutumiza ndalama za malata ndi feteleza, tikuganiza kuti kumudzi kwaima pamene tinakusiya, koma tikafika timapeza ana atakula osatizolowera, anzathu atamwalira, ndipo minda itagawidwa. Deliwe ndi nyimbo yodekha kwambiri, yoimbira mkazi amene mtima wake walunjika ulendo, ndipo kukoma kwake kuli m'kusakweza mawu. Africa ndiyo yosavuta kuigwira, ndi kolasi ya Chizulu yonena kuti m'dziko muno amene amalira ndi osalakwa. Chimbalechi chimatsekedwa ndi Inkunzi Ayihlabi Ngokumisa, yochokera pa mwambi wakuti ng'ombe yamphongo siweruzidwa ndi kaimidwe ka nyanga zake koma ndi zochita zake, ndipo ngakhale mawuwo ndi a nkhondo, aimbidwa mofatsa kotero kuti amamveka ngati kulimbitsa mtima munthu wotopa.

Zofooka zilipo, ndipo si zazing'ono zonse. Chingerezi cha Clegg m'nyimbo monga Sky People ndi Unkosibomvu n'chodzaza ndi zifanifani zimene zimafuna kuti munthu aziwerenge papepala kuti azitsate, ndipo nthawi zina mawu amachuluka kuposa mpata umene nyimbo yawapatsa, mpaka woimbayo amamveka akuthamangira kuti onse alowe. Mlendo wa m'hositelo amene nyimbozi zikumunena sakanamva theka la zimene zikunenedwa za iye, ndipo ichi ndi chilema chenicheni pa chimbale chimene cholinga chake ndi kumulemekeza. Uthando Luphelile yatengera kaimbidwe ka madansi a m'tauni a zaka zimenezo, ndipo ndiyo yokha imene yakalamba moonekeratu. Ndikadakondanso kumva Mchunu akutsogolera nyimbo zambiri. Pomaliza, akazi m'chimbalechi amaimbiridwa, amadandauliridwa ndi kukumbukiridwa, koma salankhula okha, chonsecho aliyense wa ife akudziwa kuti mtolo waukulu wa ulendo wa ku Joni umasenzedwa ndi mayi wotsala kumudzi, wolima yekha ndi kulera yekha ana.

Mmene chinalandiridwira ndi nkhani yomvetsa chisoni. Bungwe loulutsa mawu la boma, SABC, linagawa mawailesi ake potsata mitundu ndi zilankhulo, kotero kuti panali wailesi ya Azulu, ya Asotho, ya olankhula Chingerezi ndi ya olankhula Afrikaans, ndipo mfundo inali yakuti zilankhulo zisasakanikirane. Nyimbo yoyamba m'Chingerezi n'kuthera m'Chizulu, yoimbidwa ndi mzungu ndi munthu wakuda pamodzi, inalibe khomo lolowera. Olemba nkhani za nyimbo ena anachiyamikira, koma popanda wailesi malonda anayenda pang'onopang'ono. Kuimba pagulu nakonso kunali kovuta chifukwa cha malamulo olekanitsa malo a mitundu, choncho Juluka inkadalira mayunivesite, maholo a matchalitchi ndi malo a anthu wamba, ndipo apolisi ankasokoneza zoimbaimba zawo. Mbiri ya chimbalechi inafala pakamwa, wina kuuza mnzake, wina kubwereka mnzake. Chodabwitsa n'chakuti nyimbo zake sizitukwana boma, sizitchula mtsogoleri aliyense wa ndale. Chimene chinkaopsa olamulira chinali kungoona anthu awiriwa ataima limodzi monga ofanana, wina akuimba m'chilankhulo cha mnzake.

Kutchuka kunabwera ndi chimbale chachiwiri, African Litany, mu 1981, mmene muli Impi, yosimba za nkhondo ya ku Isandlwana ya mu 1879 pamene asilikali a Chizulu anagonjetsa a Britain. Kenaka kunabwera Scatterlings mu 1982, ndipo gululi linayamba kuyenda maiko a ku Ulaya ndi ku America. Mu 1985 Mchunu anabwerera kwawo kukaweta ng'ombe ndi kulima, mu 1986 Clegg anayambitsa gulu la Savuka limene linatchuka kwambiri ku France, ndipo awiriwa anadzajambulanso limodzi mu 1997. Clegg anamwalira ndi khansa mu July 2019 kuno ku Johannesburg. Zimbale za Juluka zotsatirazo zili ndi ng'oma zamphamvu ndi makolasi oyenera bwalo lalikulu, ndipo sindikuzinyoza, koma pamene gululi linkakula linkatayanso kufatsa kumene kuli mu Universal Men, kumene kumamveka ngati anthu akucheza pakhonde madzulo ataweruka. Ndikuganiza kuti kusagulidwa kwake koyamba kunachititsa kuti chisadzasanduke nyimbo za otsatsa malonda ndi za m'mabwalo a mpira, ndipo n'chifukwa chake munthu akachimva lero amachimva chatsopano.

Kuchipeza sikovuta. Chimamveka pa intaneti, chinatulukanso pa CD, ndipo amene amakonda mbale zakale za galamafoni amatha kukumana nacho m'masitolo ogulitsa zinthu zogwiritsidwapo kale ntchito, ngakhale kuti mbale yotere iyenera kuyang'anitsitsidwa ngati ilibe mikwingwirima musanapereke ndalama. Kajambulidwe kake n'koyera, magitala amamveka aliyense payekha, koma pa sipika ya foni besi ya Gumede imasowa, ndipo theka la kukoma limapita nayo, choncho ndi bwino kumvera pa zomvera za m'makutu kapena pa wailesi ya m'nyumba. Ndikulangizanso kuti muchimvere chonse motsatana, kuyambira Sky People mpaka nyimbo yotsiriza, chifukwa nyimbozi zinasanjidwa kuti ina izitsegulira inzake, ndipo kutola imodzi kapena ziwiri kumachepetsa mphamvu yake. Ambiri a ife Chizulu chathu ndi cha m'takisi ndi cha kuntchito, pamene cha m'nyimbozi ndi cha kumudzi, chodzaza ndi miyambi ya ng'ombe ndi ya nkhondo. Pa nyimbo monga Thula 'Mtanami ndi Inkunzi Ayihlabi Ngokumisa mudzafunika mnzanu wa ku KwaZulu-Natal, makamaka wachikulire, woti akumasulireni mzere ndi mzere.