Steam: nyenyezi zinayi pa zisanu, data ndiye ikupweteka

Anzathu a ku Mbare ndi Highfield ku Harare amene mukugulabe magemu akuba a pa flash m'tauni, yesani Steam. Ndi pulogalamu yogulirapo ndi kutsitsirapo magemu a pa kompyuta, ya kampani ya Valve, inayamba mu 2003, ndipo kutsegula akaunti n'kwaulere.

Choopsa pa gemu yakuba ndi kafayilo ka crack kaja, kamene kamachititsa kuti gemu itseguke osalipira. Malangizo ake amati muzimitse kaye Windows Defender, pulogalamu yoteteza kompyuta ku mavairasi, ndiye kuti mwachotsa nokha mlonda pakhomo. Mu 2021 kampani ya Avast inapeza vairasi yotchedwa Crackonosh m'magemu akuba ngati GTA V, itafalikira kale m'makompyuta oposa 200,000. Inkagwiritsa ntchito kompyuta ya mwiniwake kukumba mobisa ndalama za pa intaneti zotchedwa Monero. Mudzaidziwa ndi fani yolira ngati chigayo pamene simukusewera, laputopu kutentha kunsi, batire kutha msanga. Mavairasi ena amaba mapasiwedi osungidwa mu Chrome, ndipo zikafika apo palibe chochitira mwina koma kufufuta Windows yonse n'kusintha mapasiwedi pa foni ina.

Pa Steam zoterezi sizichitikachitika. Magemu a Dota 2 ndi Counter-Strike 2 ndi aulere. Mu Settings, pa Downloads, sankhani Johannesburg kuti zizibwera mwachangu. Magetsi a ZESA akathima gemu ili pakati, imapitiriza pomwe inalekezera. Fayilo ikawonongeka, dinani Properties, kenako Installed Files, kenako Verify integrity. Imatsitsa chowonongeka chokhacho, osati gemu yonse. Ndalama amabweza ngati simunapitirire masiku 14 chigulireni komanso simunasewere maola awiri. Steam Guard, yoteteza akaunti yanu, muyatse tsiku loyamba lomwelo.

Nyenyezi imodzi ndachotsa chifukwa cha data. Counter-Strike 2 imafuna malo okwana 85 GB, ndipo ma update amabwera pafupipafupi. Ndi bandulo ya pa foni musayerekeze n'komwe. Konzani kuti gemu izichita update pokhapokha mukaitsegula. Ngati mnzanu ali ndi WiFi, atsitse iye, apange Backup pa hard drive, inu mukachite Restore pa akaunti yanu. Gemu yogula iyenera kukhala yoti inunso munalipira.

Kulipira kumafuna khadi la Visa kapena Mastercard lokhala ndi madola a ku America. Dikirani mitengo itsike kumapeto kwa June kapena mu December. Pakadali pano Epic Games Store, sitolo ina ya magemu ya pa intaneti, imapereka gemu yaulere Lachinayi lililonse, ndipo mukaitenga ndi yanu mpaka kalekale.