Buku, pamfuleti, notsi za pa foni kapena mapepala akale: chimene mungagulire mwana wa Fomu 4

Teremu yachiwiri ikamatha, makolo anzanga a kutchalitchi komanso anansi amayamba kundifunsa funso limodzimodzi, lakuti ndalama ndi zochepa, mwana akulemba mayeso a MSCE, ndiye amugulire chiyani choti chimuthandize. Amandifunsa chifukwa ndimaphunzitsa masamu ndi sayansi ana a Fomu 3 ndi Fomu 4 madzulo, kotero zambiri zimene anawa amawerenga zimadutsa m'manja mwanga. Zinthu zimene zimalimbirana ndalama ya kholo ndi zinayi: buku lovomerezeka, pamfuleti ya mafunso ndi mayankho, notsi za pa WhatsApp, ndi mapepala a mayeso akale a MANEB, bungwe loyendetsa mayeso m'dziko muno. Ndineneretu kuti chimodzi mwa zinayizi ndili nacho chakukhosi, ndipo owerenga adzachiona okha.

Muyeso umene ndikugwiritsa ntchito ndi wa magiredi. MANEB imapereka magiredi kuyambira 1 mpaka 9, pomwe 1 ndi 2 ndi kukhoza mwapamwamba, 3 mpaka 6 ndi kirediti, 7 ndi 8 ndi kungodutsa, ndipo 9 ndi kulephera. Mwana wofuna malo ku yunivesite ya boma amafunika makirediti asanu ndi imodzi kuphatikizapo Chingerezi, ndipo bungwe la NCHE, limene limagwirizanitsa kasankhidwe ka ophunzira opita ku mayunivesite a boma a UNIMA, MUBAS, KUHeS, LUANAR, MZUNI ndi MUST, limayang'ana magiredi a MSCE omwewo. Popeza malo ndi ochepa kuyerekeza ndi ana amene amakwanitsa makirediti asanu ndi imodziwo, chimene chimasiyanitsa wotengedwa ndi wotsala nthawi zambiri ndi mapointi ochepa chabe pa chiwerengero chopezeka pophatikiza magirediwo. Choncho sindifunsa ngati chinthu chingamuchotse mwana pa 9 kumufikitsa pa 8. Ndimafunsa ngati chingamuchotse pa 6 kumufikitsa pa 3.

Buku lovomerezeka silifuna mawu ambiri. Silabasi imakonzedwa ku Malawi Institute of Education ku Domasi, ndipo buku limene launikidwa ndi kuvomerezedwa kuti ligwiritsidwe ntchito m'sukulu limatsata silabasiyo mutu ndi mutu. Limafotokoza chifukwa chimene chinthu chilili momwe chilili, lili ndi zithunzi zooneka bwino, ndipo pachikuto pali dzina la wolemba ndi la kampani yosindikiza. Vuto lake ndi mtengo, umene unakwera kwambiri ndalama ya kwacha itagwetsedwa mphamvu ndi 44 peresenti mu November 2023, komanso kutalika kwake, pakuti mwana amene watsala ndi milungu yowerengeka sangamalize mabuku a Fomu 3 ndi Fomu 4 a maphunziro asanu ndi atatu. Mabuku ambiri alinso ndi mafunso ochepa ofanana ndi a m'mayeso enieni.

Mpata umenewu ndi umene pamfuleti inaloweramo. Ndi yaing'ono, imakwana m'thumba, mtengo wake ndi wotsika, imapezeka pafupi ndi depoti iliyonse ndi pakhonde la malo ochitira fotokope, ndipo imalonjeza chimene mwana wamantha akufuna kumva, chakuti mafunso onse amene amabwera ali momwemo pamodzi ndi mayankho ake. Kholo likayerekeza mtengo wa buku limodzi ndi wa mapamfuleti a maphunziro angapo, limasankha mapamfuleti, ndipo sindingalidzudzule.

Mtsikana wina wa m'kalasi langa, wanzeru ndi wakhama ndithu, anagula pamfuleti ya masamu pamsika wina mumzinda. Munali funso losavuta lakuti apeze x pa x² − 5x + 6 = 0. Iye anagwira bwino ntchito yake napeza 2 ndi 3, yankho lolondola. Atatsegula kumapeto kwa pamfuletiyo anapeza kuti alembamo −2 ndi −3. Mwana wa zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri sakayikira chinthu chosindikizidwa, amadzikayikira yekha. Anafufuta yankho lake lolondola, nalemba lolakwikalo, ndipo choipa koposa n'chakuti anadzipangira lamulo m'mutu lofotokoza chifukwa chimene yankholo linakhalira choncho, lakuti zizindikiro za m'mabulaketi zimatengedwa momwe zilili popanda kusintha. Lamulo labodzali analigwiritsa ntchito pa mafunso onse a mtundu umenewo, analitengera ku magirafu, ndipo pa mayeso oyeserera anataya malikisi pa gawo limene poyamba ankalidziwa bwino. Nditatenga kope lake ndinaona pamene labala inadutsa, yankho lolondola likuonekabe mozimiririka pansi pa lolakwika.

Nditayang'ana pamfuletiyo tsamba ndi tsamba ndinapeza kuti cholakwikacho sichinali chokha. Mayankho ena anasinthana malo, mwina polemba pa kompyuta, ndipo pa mafunso ambiri panali yankho lomaliza lokha popanda njira yofikira pamenepo. Ichi chokha chikanakwanira kuti ndiikane, chifukwa ochonga masamu amapereka malikisi pa njira, kotero mwana amene walemba masitepe olondola nalakwitsa kumapeto amapezako kanthu, pomwe amene wazolowera kungolemba yankho amataya zonse akaphonya pang'ono. Pachikuto panalibe dzina la wolemba, chaka, ngakhale keyala. Wogulitsa anati iye amangolandira katundu. Panalibe woti n'kumufunsa, panalibenso woti akonze cholakwikacho kuti ana a chaka chotsatira asagwere m'dzenje lomwelo, ndipo ndikukhulupirira kuti pamfuletiyo ikuchitidwabe fotokope mpaka lero.

Mtengo wobisika wa pamfuleti uli pamenepa. Nsalu yong'ambika wogula amaiona, nsomba yowola amaimva fungo, koma yankho lolakwika lingadziwidwe ndi munthu yekhayo amene akudziwa kale yankho lolondola, ndipo munthu wotereyo sagula pamfuleti. Kumuchotsa mtsikana uja lamulo labodza lija kunatenga nthawi yaitali kuposa imene ikanafunika kumuphunzitsa mutuwo kuyambira pachiyambi, ndipo nthawiyo inachoka pa mitu ina imene sitinaifikire bwino.

Palinso chinyengo cha chikuto. Kale kunali phunziro limodzi la Physical Science, limene pa silabasi ya masiku ano linagawidwa kukhala Physics ndi Chemistry. Ndaonapo pamfuleti yolembedwa Chemistry pachikuto, ndi mawu akuluakulu onena kuti ikutsata silabasi yatsopano, koma mkati mwake muli mafunso a magetsi ndi a maginito, ndipo pamwamba pa masamba ena dzina lakale lija likuonekabe pamene anayesa kulifufuta asanachite fotokope. Chimodzimodzi ndi mapamfuleti a mabuku owerenga a Chichewa ndi Chingerezi, pakuti mabuku ofunsidwa pa mayeso amasinthidwa pakapita zaka, koma zidule za mabuku amene anachotsedwa kale zimagulitsidwabe. Za zimangirizo zolembedwa kale zoti mwana aloweze ndingonena kuti mutu wa pa mayeso sufanana ndendende ndi umene analoweza, ndipo wochonga amaona msanga mwana amene akukakamiza nkhani yoloweza pa funso lina.

Kuti ndisakondere mopitirira, alipo mapamfuleti olembedwa ndi aphunzitsi odziwa ntchito, amene amaika dzina lawo ndi chaka pachikuto ndipo amasonyeza njira yonse. Amenewa amathandiza pobwereza m'milungu yomaliza, makamaka pa maphunziro ofuna kukumbukira zaka, mayina ndi matanthauzo, monga History ndi Bible Knowledge. Koma ngakhale abwinowo ndi okumbutsa munthu zimene anaphunzira kale, si ophunzitsa.

Notsi za pa WhatsApp zili ndi matenda onse a pamfuleti, kuwonjezapo malipiro amene satchulidwa poyamba. Kholo limauzidwa kuti kulowa m'gulu ndi ndalama yochepa yotumiza pa foni, kenako limapeza kuti ndalamayo ndi ya mwezi ndi mwezi, ndipo mayankho amene amawatcha apadera ali ndi mtengo wawo. Pamwamba pa izi pamafunika bandulo, pamafunika foni yoti mwana akhale nayo usiku, ndi moto wa mu batire pamene magetsi azima. Mwana akatopa ndi kuwerenga tizilembo pa galasi laling'ono amapempha ndalama yosindikizira, ndipo kulipira tsamba ndi tsamba pa notsi za phunziro lathunthu kumafika pafupi ndi mtengo wa buku logwiritsidwapo kale ntchito. Ubwino wake weniweni ndi umodzi, wakuti mwana wa kusukulu yakumudzi yopanda laibulale angathe kuona mayeso oyeserera a sukulu zina ndi a zigawo zina za maphunziro, zimene kale sakanaziona.

Choopsa chachikulu m'magulu amenewa ndi anthu amene amatulukira mayeso akayandikira n'kumagulitsa chimene akuti ndi likasa, kutanthauza pepala la mayeso lobedwa asanalembedwe. Ambiri a iwo ndi akuba wamba amene amasintha chaka pa pepala lakale, koma ngakhale likanakhala lenileni, tonse tikukumbukira zimene zinachitika mu 2020, pamene mayeso a MSCE anaimitsidwa mu November chifukwa mapepala anabedwa n'kufalikira, ndipo ana onse, osalakwa omwe, analembanso mu January 2021. Mwana wogwidwa ndi zoterezi amataya zotsatira zake ndipo angathe kukaonekera kukhoti.

Mtima wanga uli pa mapepala akale a MANEB. Ndi okhawo mwa zinayizi amene analembedwa ndi anthu omwewo amene adzafunse mwanayo, kotero amamuzoloweza kalankhulidwe ka mayeso, kumuphunzitsa kusiyanitsa funso lofuna kungotchula ndi lofuna kufotokoza, ndi kuona kuti malikisi olembedwa pambali pa funso akumuuza kutalika kwa yankho lofunika. Mwana amene wakhala pansi ndi pepala lathunthu, wotchi ili patsogolo pake, popanda kutsegula kope, amadziwa zoona zake za iye mwini m'maola awiri, zimene mwezi wathunthu wowerenga notsi sungamuuze. Ana ambiri amene amalephera kumaliza pepala m'chipinda cha mayeso amakhala kuti sanayeserepo kulemba motsata nthawi. Mtengo wake ndi wa fotokope chabe, ndipo sukulu zambiri zimasunga mapepalawa.

Kufooka kwa mapepala akale n'kwakuti alibe mayankho, ndipo apa ndi pamene mavenda amabwereranso ndi timabuku ta mayankho osadziwika wolemba, amene ndi pamfuleti yomwe ija yavala malaya ena. Pepala lakale limafuna munthu wochonga, kaya mphunzitsi, kaya gulu la ana anayi kapena asanu amene akusiyana mayankho n'kutsegula buku kuti aone amene walondola. Kukanganako n'kumene kumaphunzitsa. Kholo lifunsenso kwa a hedi ngati sukulu ili ndi malipoti a akuluakulu ochonga mayeso, amene MANEB imatulutsa pofotokoza pamene ana a chaka chimenecho anaphonya pa funso lililonse. Makolo ambiri sadziwa kuti malipotiwa alipo, ndipo m'sukulu zina amangokhala m'kabati. Mapepala a zaka za silabasi yakale agwiritsidwe ntchito mosamala, mphunzitsi atachonga mafunso amene akadali m'silabasi.

Pa mayeso a pulakitiko a Biology, Physics, Chemistry ndi Agriculture, palibe chimodzi mwa zinayizi chimene chingalowe m'malo mwa kugwira zipangizo ndi manja, ndipo kwa ana a m'sukulu za sekondale zoyendera za m'madera (CDSS) zopanda labotale, ndalama ya thiransipoti yopitira kusukulu yoyandikana nayo imene ili ndi zipangizo imapindula kuposa pepala lililonse.

Za timabuku tokonzekera mayeso olowera ku yunivesite ndingochenjeza mwachidule. Kale University of Malawi inkalembetsa mayeso akeake kwa amene akhoza MSCE, ndipo timabuku ta nthawi imeneyo tikupezekabe pa mabenchi a mavenda. Mwana wochoka ku Fomu 4 amene akufunsira malo kudzera ku NCHE satifuna, chifukwa chimene chidzamulowetse ndi magiredi ake, makamaka pa maphunziro amene pulogalamu yomwe wasankha imafuna. Timabukuti tingathandize achikulire ofunsira malo panjira yawo yapadera, kapena ofunsira ku makoleji amene amalembetsa mayeso awoawo, koma iwonso ayambe afunsa ku kolejiyo mtundu wa mayeso ake asanagule.

Kholo limene lili ndi ndalama yochepa ndimaliuza kuti lichite fotokope mapepala a MANEB a zaka zaposachedwa pa maphunziro onse a mwana, ndipo yotsalayo ligulire buku lovomerezeka la phunziro limodzi limene likumuvuta kwambiri, ngakhale logwiritsidwapo kale ntchito. Mabanja atatu kapena anayi oyandikana angagwirizane kuti lililonse ligule buku la phunziro losiyana, ana n'kumabwerekana. Notsi za pa foni azitenga zaulere zokha, zochokera kwa mphunzitsi amene mwanayo akumudziwa nkhope. Pamfuleti ndimailola kulowa m'kalasi langa ikakhala ndi dzina la wolemba ndi chaka, ikamasonyeza njira yonse ya yankho, komanso mphunzitsi wa phunzirolo atayamba waiyesa pa mafunso angapo. Wogulitsa akakana kuti muitsegule musanalipire, kapena akakana kuti mudzaibweze mphunzitsi akaipeza ndi zolakwika, musagule.