Padi ya Bluetooth: Moonwalker tsopano ikuseweredwa bwino pafoni

Nyenyezi 4 mwa 5

Ndinagula padiyi, kachipangizo ka mabatani kosewerera magemu, chifukwa cha gemu imodzi yokha, Michael Jackson's Moonwalker, ija kampani ya Sega inatulutsa pa makina ake a magemu otchedwa Mega Drive mu 1990 potengera filimu ya mu 1988. Ndili mwana ndinkaisewera kwa msuweni wanga, tikuchita kulandizana. Nditaiyika pafoni kudzera mu emulator, pulogalamu yoseweretsa magemu a makina akale, ndinasangalala kwa mphindi zisanu basi, kenako ndinapsa mtima. Mabatani ojambulidwa pasikirini sagwirika. Chala chikangotuluka thukuta chimaterereka, ukafuna kudumpha Michael amangoima njii, zigawenga za mdani wake Mr. Big n'kumuchita zomwe zikufuna.

Padi yafika, nkhani yasintha. Ili ndi kopanira foni kumtunda, ndipo kulumikiza sikunandivute ngakhale pang'ono. Padi yoyamba ya Mega Drive inali ndi mabatani atatu osewerera, A, B ndi C, choncho kuwaika m'malo mwake mu RetroArch, emulator yomwe ndimagwiritsa ntchito, inali ntchito ya kanthawi kochepa.

Pomwe ndinaiyesera zenizeni ndi pa gule. Amene munaseweramo mukudziwa: ukapanikiza batani la matsenga osalisiya, Michael amayamba kuzungulira, ukalisiya msanga amaponya chipewa, koma ukalimbikira mpaka pamapeto adani onse ali pasikirini amafola naye n'kuyamba kuvina, gule akatha onse gwa! Ngakhale agalu amavina nawo. Vuto lake n'lakuti kuzungulirako kumadya mphamvu za Michael, ndiye chala chikaphonya pakati, wataya mphamvu pachabe. Pasikirini zimenezi zinkandichitikira pafupifupi nthawi zonse. Ndi padi, gawo loyamba la Club 30 ndinalimaliza osafa, nyimbo ya Smooth Criminal ikulira m'kamvekedwe kaja ka makina akale. Mwana wanga wa zaka 9 anaseka mpaka kugwetsa misozi ataona Bubbles, chimpanzi cha Michael, chitakwera paphewa pake n'kumaloza kolowera akapeza ana onse omwe Mr. Big anawabisa. Tsopano foni timachita kulimbirana.

Gemuyo payokha si yayitali, ndipo kutsegula zitseko, mawindo ndi mabuti a magalimoto kufunafuna ana kumayamba kutopetsa ukafika pakati. Pa gawo la kumanda, mitembo ikudzuka, mtima umadikira nyimbo ya Thriller, koma siimveka. Komabe mwa magemu a oimba omwe ndayesa ndi padiyi, iyi ndiye ndimabwererako. Revolution X ya mu 1994, ya gulu la Aerosmith, anaipangira mfuti zoloza pasikirini m'nyumba zamasewero, ndiye ndi padi sikoma. Ndinaisiya tsiku lomwelo.

Nyenyezi imodzi ndachotsa pa zifukwa izi. Kopanira foni n'kapulasitiki kofewa, kayamba kale kulira kwiii ndikakakoka, ndipo foni yokhala ndi kava yokhuthala silowa mpaka uyivule. Nthawi zina padi ikagona yokha imakana kulumikizanso, umachita kuzimitsa Bluetooth n'kuyatsanso. Kapepala ka malangizo nakonso zilembo zake n'zazing'ono ngati nyerere.

Batire yake ndilibe nayo dandaulo. Magetsi atathima Loweruka madzulo, foni ndi imene inayamba kufa, padi ikadali ndi moto. Amene mukufuna kugula, yezani kaye kukula kwa foni yanu ili m'kava, musanapereke ndalama.