Blu-ray ya Pickup on South Street: muigule chifukwa cha Thelma Ritter

Ambiri amene amagula chimbale ichi amakopeka ndi dzina la Samuel Fuller, amene anatsogolera filimuyi mu 1953, kapena la wosewera wake wamkulu, Richard Widmark. Ine chinandigulitsa ndi mayi wamfupi wa mawu asasa, Thelma Ritter, amene saoneka ngakhale theka la mphindi 80 za filimu yonse.

Chimbalechi chinatulutsidwa ndi kampani ya Criterion mu 2021. Zithunzi ndi zakuda ndi zoyera, koma anazikonzanso mwaluso moti thukuta la anthu opanikizana m'sitima yapansi panthaka ya ku New York mumachita kuliona likuyenderera. Pa TV yamakono mbali ziwiri zimatsala zakuda; musaganize kuti china chawonongeka, ndi mmene ankajambulira kalelo. Mawu akumveka bwino, komabe yatsani mawu olembedwa pansi aja, chifukwa Chingerezi cha m'misewu ya kumeneko ndi chothamanga ndipo ndi chodzaza ndi zining'a za akuba.

Nkhani yake ndi ya Skip McCoy, wopisa m'matumba, amene waba kachikwama ka mtsikana wina m'sitima osadziwa kuti muli kafilimu ka zinsinsi za boma kopita kwa akazitape achikomyunizimu. Apolisi atasowa poyambira, aitana Moe, mayi wachikulire woyenda ndi kasutikesi ka mataye ogulitsa, amenenso amagulitsa mayina a akuba kwa apolisi. Ameneyu ndiye Mayi Ritter. Muwaone akufunsa mmene wakubayo anapindira nyuzipepala ndi mbali imene anaima, kwinaku akunenerera mtengo ngati ali pamsika, kwinaku akumukakamiza wapolisi kuti agule taye. Munthu umaseka. Kenako umadziwa chimene Moe akusonkhanitsira ndalamazo: malo ake kumanda ndi mwala wolembedwa dzina, kuti asakaikidwe kumanda a anthu osowa abale. Aliyense amene anaonapo abale athu a ku Joni kapena ku Zimbabwe akusonkha mwezi ndi mwezi kusosaiti ya maliro sadzafuna womufotokozera nkhawa imeneyi.

Pali gawo limodzi lokwanira mtengo wonse wa chimbalechi. Moe wabwerera kuchipinda chake usiku, miyendo ikuphwanya, waika nyimbo pagalamafoni, wagona pabedi, kenako aona kuti m'chipindamo muli munthu. Ndi Joey, wa akazitape aja, ndipo akufuna kudziwa kumene Skip amakhala. Mayi amene moyo wake wonse wakhala akugulitsa mayina akana kugulitsa limeneli. Mayi Ritter sakuwa, sagwetsa misozi yoonetsera. Amangolankhula motsitsa za kutopa kwawo, maso ali pa munthu amene akudziwa kuti awapha. Kamera imawayandikira pang'onopang'ono, ndipo pa Blu-ray imeneyi khwinya lililonse pankhope pawo likugwira ntchito. Pa makope osaoneka bwino a pa intaneti zimenezi zimatayika.

Mayiwa anabadwira ku Brooklyn mu 1902. Anayamba ndi zisudzo za pasiteji ndi za pawailesi, ndipo m'mafilimu analowa ali ndi zaka 45, mu Miracle on 34th Street ya 1947, momwe dzina lawo silinalembedwe n'komwe. Kuchokera apo ntchito zawo zinali za wantchito wa m'nyumba, namwino, mayi wa mnyamata wamkulu wa m'filimu. Anasankhidwa kasanu ndi kamodzi kupikisana pa mphoto ya Oscar ya wosewera wothandizira, kuyambira ndi All About Eve ya 1950 mpaka Birdman of Alcatraz ya 1962, osapambana ndi kamodzi komwe. Imene anasankhidwira chifukwa cha gawo la Moe inapita kwa Donna Reed, ndipo zimenezi zimandiwawa ndithu. Mphoto ya Tony yokha, ya zisudzo za pasiteji, ndiyo anailandira mu 1958, mogawana ndi Gwen Verdon. Pa TV anaonekanso, mwachitsanzo mu Alfred Hitchcock Presents mu 1956. Anamwalira mu 1969.

Apa ndiye pali kusakhutira kwanga ndi zowonjezera za m'chimbalechi. Zambiri ndi za Fuller: akucheza ndi wolemba za mafilimu Richard Schickel mu 1989, akufotokoza pa TV ya ku France mmene anajambulira chiyambi cha filimuyi. N'zokoma, bamboyo ndi wodziwa kusimba nkhani. Koma ndikadakonda gawo lapadera la ntchito ya Mayi Ritter. Chonditonthoza ndi sewero la pawailesi la 1954 la nkhani yomweyi, momwe iwo akuseweranso Moe. Popanda chithunzi, mumamva bwino kuchuluka kwa ntchito imene mawu awo okha ankagwira.

Musanalipire, onetsetsani makina anu. Chimbale cha Criterion cha ku America ndi cha Region A, pomwe makina ogulidwa kuno ku Africa ndi ku Britain nthawi zambiri ndi a Region B, ndiye chikhoza kukana kusewera. Zikatero funani cha kampani ya Eureka ya ku Britain. Musasokonezenso ndi The Cape Town Affair ya 1967, imene inasamutsira nkhani yomweyi ku South Africa. Mmenemo gawo la Mayi Ritter anasewera ndi Claire Trevor.