Kaburashi kotsukira zikhadabo ndi chowengera chake: kodi n'zoyenera kugula?

M'mafamase ndi m'masitolo akuluakulu a m'tauni mumapezeka kapaketi kamene mumakhala zinthu ziwiri, kaburashi kotsukira zikhadabo ndi chowengera zikhadabo chachitsulo. Kapaketi kamene ndikufotokoza pano kalibe dzina la kampani yodziwika, ndipo mtengo wake si woboola m'thumba. Kaburashiko ndi ka pulasitiki, kotalika ngati chala cha mkombaphala, kali ndi chogwirira cholowetsamo zala ndi ubweya wa nayiloni wouma ndithu. Chowengeracho ndi cha mtundu umene tonse timaudziwa, chokhala ndi kachitsulo kodinikiza, katupa kosalazira ndi kangowe kumapeto kwa katupako. Ine ndimalima ndiwo zamasamba kudimba, ndimakoleza mbaula ya makala m'mawa uliwonse, ndipo manja omwewo ndi amene amaphikira ana, choncho zipangizozi zakumana ndi litsiro lenileni.

Kuti munthu aweruze bwino zipangizozi ayenera kuyamba wamvetsa chifukwa chake litsiro limakonda kukhala m'zikhadabo. Chikhadabo chimamatirira kukhungu kuchokera kutsinde kwake mpaka pafupi ndi nsonga ya chala, koma mbali yoyera imene imapitirira pamenepo siimata paliponse, ndipo pakati pa iyo ndi khungu pamatsala kampata kopapatiza kamene khomo lake limayang'ana kutsogolo, kumene dzanja limagwirira ntchito. Nthawi iliyonse imene tipalasa dothi, kutola makala, kusenda mbatata kapena kudzikanda, chikhadabo chimakokolola timbali ta zinthuzo n'kutikankhira m'kampatako. Mkatimo mumakhala kale thukuta, mafuta a pakhungu ndi timamba ta khungu lakufa, ndipo zimenezi ndi zimene zimagwira fumbi kuti lisagwe. N'chifukwa chake ngakhale munthu wogwira ntchito mu ofesi, amene sanakhudze khasu tsiku lonse, amapeza kamzere kakuda m'zikhadabo pofika madzulo. Tikasamba m'manja mwachizolowezi, thovu la sopo limadutsa pamwamba pa zala osalowa m'kampatako, ndipo popukuta manja malo amenewa ndi amene amatsala onyowa. Chinyezi, kutentha kwa thupi ndi zotsalira za chakudya zikakumana malo amodzi, majeremusi amaswana mosavuta.

Zimenezi zinayesedwa ndithu. Mu 1988 ofufuza a pa yunivesite ya Pennsylvania ku America anayeza mbali zosiyanasiyana za manja a anthu ndipo anapeza kuti pansi pa zikhadabo ndi pamene pamakhala mabakiteriya ochuluka kuposa mbali ina iliyonse ya dzanja. Mu 1997 ndi 1998, m'chipinda chosamalira makanda odwala pachipatala china mumzinda wa Oklahoma City ku America komweko, makanda 46 anapezeka ndi kachirombo kotchedwa Pseudomonas aeruginosa ndipo 16 anamwalira. Ofufuza anapeza kuti vutoli linali logwirizana ndi anamwino awiri, wina wa zikhadabo zake zazitali ndipo wina wa zikhadabo zochita kumata. Malangizo a bungwe loona za umoyo padziko lonse la World Health Organization a mu 2009 amanena kuti ogwira odwala asavale zikhadabo zomata, ndipo nsonga za zikhadabo zawo zenizeni zisapitirire theka la sentimita. Kwathu kuno nkhaniyi ndi yaikulu chifukwa nsima timadya ndi manja, ndipo mbamu iliyonse imadutsa m'nsonga za zala isanafike pakamwa. Mliri wa kolera umene unayamba ku Machinga mu March 2022 unapha anthu oposa 1,700 m'Malawi, ndipo ngakhale kuti matendawa amayenda kwambiri m'madzi ndi m'chakudya choipitsidwa, manja osasamba bwino ndi amodzi mwa njira zimene chakudyacho chimaipitsidwira. Palinso tinjoka ta m'mimba timene timayabwitsa ana kumbuyo usiku. Mwana akadzikanda, mazira ake amalowa m'zikhadabo, kenako amabwereranso pakamwa pake kapena pa m'bale wake amene akudya naye mbale imodzi.

Pa ntchito yochotsa litsiro looneka, kaburashi aka kandikhutiritsa kwambiri. Ndikachokera kudimba dothi lonyowa litadzaza m'zikhadabo zonse, ndimanyowetsa manja, kupaka sopo pa ubweya wa kaburashiko, kupinda zala kuti nsonga zake ziyang'ane m'mwamba, n'kukwecha mopingasa pang'onopang'ono. Thovu limasanduka lofiirira nthawi yomweyo, ndipo ndikatsukuluza ndi madzi othira kuchokera m'kapu, mizere yakuda ija imakhala itachoka mpaka m'makona momwe, malo amene sopo yekha amalephera ngakhale munthu atapukusa manja kwa masekondi 20 amene azaumoyo amalimbikitsa. Mwaye wa makala umavutirapo chifukwa umalowerera m'timing'alu ta khungu louma, ndipo umafuna madzi ofunda ndi kubwereza kachiwiri. Chogwirira chake n'chopangidwa mwanzeru, pakuti sichiterereka m'manja mukakhala thovu, ndipo mwana wa msinkhu wa sukulu amatha kuchigwira yekha.

Vuto lake loyamba ndi kuuma kwa ubweya. Kwa munthu wa manja olimba ndi khasu palibe chodandaula, koma pa zala za mwana wamng'ono ubweyawu umasiya khungu litafiira, ndipo khungu lokalika limasunga majeremusi kuposa khungu losalala. Ichi ndi chifukwa chake malangizo a World Health Organization salimbikitsa burashi kwa madokotala amene akusamba m'manja pokonzekera opaleshoni, koma amati litsiro la m'zikhadabo lichotsedwe ndi kachipangizo kake pamadzi oyenda. Kunyumba, kumene tikulimbana ndi dothi ndi makala, burashi ili ndi malo ake, koma ikwechedwe mopepuka ndiponso pansonga pokha. Kwa ana aang'ono mswachi wofewa umene waikidwa padera pa ntchito imeneyi umachita bwino kuposa kaburashi aka. Vuto lachiwiri ndi lakuti kalibe kabowo kokolekera. Kakasiyidwa m'mbale ya sopo kamakhala konyowa tsiku lonse, litsiro limaunjikana kutsinde kwa ubweya, ndipo pakapita masiku ochepa kamayamba kafungo. Burashi yotere imabweza m'zala zimene inachotsa dzulo. Pamafunika kuitsukuluza bwino ikagwira ntchito, kuikung'untha, n'kuiyanika ubweya utayang'ana pansi pamalo opita mphepo, ndipo nthawi ndi nthawi kuiviika m'madzi otentha. Opanga akanaganizira zoboola kabowo kamodzi kokha, vutoli likanachepa kwambiri.

Komabe chimene ndaona n'chakuti ntchito yaikulu imagwiridwa ndi chowengera. Zikhadabo za m'manja zimakula pafupifupi mamilimita 3 pa mwezi, ndipo milimita iliyonse yowonjezera ikukulitsa nkhokwe ya litsiro. Zikhadabo zikakhala zazitali, ubweya wa burashi sufika kumapeto kwa kampata kaja, umangokankhira dothi mkati. Zikakhala zazifupi, zotsala ndi kamzere koyera kochepa, nthawi zambiri kukanda nsonga za zala pachikhatho cha thovu kumakwanira ndipo burashi imangofunika pambuyo pa ntchito yakudimba. Chowengera cha m'kapaketi aka chinali chakuthwa pogula, chimadula mosaphwanya chikhadabo, makamaka munthu akangochokera kosamba zikhadabo zili zofewa, ndipo kukamwa kwake kokhota kumatsatira bwino maonekedwe a chala. Katupa kake ndi kofooka koma kamakwanitsa kusalaza m'makona, zimene n'zofunika chifukwa chikhadabo cha manomano chimakola ulusi ndi dothi. Chitsulo chake ndiye sichabwino kwenikweni: chitakhala kubafa m'nyengo ya mvula chinayamba dzimbiri pa kamsomali kolumikizira, ndipo kachitsulo kodinikiza kanayamba kugwedera. Chisungidwe pouma, ndipo wofuna chokhalitsa awonjezere ndalama pang'ono agule cha chitsulo chosachita dzimbiri. Pa zikhadabo zokhuthala za kumapazi chowengerachi n'chaching'ono, pamafunika chachikulu cha kukamwa kowongoka.

Kangowe ka kumapeto kwa katupa ndi kamene sindikukhutira nako ngakhale pang'ono. Kanaikidwa kuti kazikolowolera litsiro, ndipo anthu ambiri amakagwiritsa ntchito motero, monga mmene ena amachitira ndi kamtengo ka machesi, singano kapena nsonga ya mpeni. Koma pansi pa chikhadabo pali kakhungu kanthete kamene kamatseka mpata kuti majeremusi asalowe mkati, ndipo chitsulo chosongoka chikamakankhidwa pamenepo tsiku ndi tsiku kakhunguko kamabwerera m'mbuyo, kampata kamazama, litsiro n'kumalowa patali kuposa kale. Chikalasa, chala chimatha kutupa ndi kuchita mafinya. Kakhungu kopyapyala ka kutsinde kwa chikhadabo nakonso kasamadulidwe pa chifukwa chomwecho, ndipo anthu odwala shuga ayenera kusamala kwambiri pakuti zilonda zawo zimachedwa kupola. Njira yabwino kwa wopita kudimba ndi kukanda mtanda wa sopo asanayambe ntchito, kuti sopoyo adzaze kampatako dothi lisanalowe, ndipo pomaliza amasungunuka ndi madzi n'kutuluka pamodzi ndi litsiro. Mankhwala opaka m'manja a sanitizer, amene tinawazolowera m'nthawi ya Covid-19, sachotsa dothi, choncho salowa m'malo mwa sopo ndi madzi pamene litsiro likuoneka.

Poyerekeza ndi lezala, limene mabanja ambiri amawengera nalo, chowengera chili patsogolo kwambiri chifukwa sichitema chala ndipo sichisiya chikhadabo chosongoka. Koma ngozi yobwerekana ilipobe. Kachirombo koyambitsa matenda a chiwindi a hepatitis B kamatha kukhala ndi moyo kunja kwa thupi kwa masiku 7 kapena kuposerapo m'kadontho ka magazi ouma kamene maso sangakaone, ndipo chowengera chimene chakanda munthu mmodzi chingathe kupatsira wina. Amene amawengetsa zikhadabo kusaluni kapena kwa anyamata oyendayenda ndi zipangizo zawo m'misika ali ndi ufulu wofunsa mmene zipangizozo zatsukidwira, kapena kunyamula chowengera chawochawo. M'nyumba ndi bwino kuti munthu aliyense wamkulu akhale ndi chake, ndipo cha ana chizipukutidwa ndi spirit chisanachoke kwa mwana uyu kupita kwa uyo.

Kwa alimi, amakanika, ogulitsa makala, amayi okazinga mandasi ndi aliyense wophikira anthu, kapaketi aka n'koyenera kugula ngakhale kali ndi zofooka zimene ndatchulazi. Kwa munthu wa ntchito yopepuka amene amawenga zikhadabo mlungu uliwonse, chowengera chokha chikwanira. Pogula, yesani ubweya wa kaburashi kuseri kwa dzanja lanu ngati paketi ikulola, ndipo musankhe kamene kakupindika mosabaya. Chowengeracho muchitseke n'kuchiyang'ana powala kuti muone ngati mano ake awiri akukumana bwinobwino popanda mpata, chifukwa chimene chili ndi mpata chimatafuna chikhadabo m'malo mochidula.