Ma part time a masamu ku Chibavi, mwana wanga wayamba kuimva gradient

Ndakhala ndikufuna kulemba za aphunzitsi omwe amathandiza mwana wanga masamu madzulo kuno ku Chibavi, lero ndiye ndapeza mpata. Mtsikana wangayu ali Fomu 3 ndipo gradient, nambala yosonyeza kutsetsereka kwa mzere, inkamuliza zenizeni, fomula ankaidziwa pamtima koma ukamufunsa kuti pakati pa mzere wa y = 2x + 1 (gradient yake 2) ndi wa y = -3x + 4 (gradient yake -3) wotsetsereka kwambiri ndi uti, ankangoti wa 2 basi, eti poti -3 ndi yochepa kuposa 2.

Tsiku lina ndinapita kukamutenga ndiye ndinapeza ana onse ali panja, aphunzitsi agwira tepi, thabwa alitsamiritsa pa njerwa. Anayeza kukwera kwake 30 cm, pansi 90 cm, kugawa yatuluka 1/3. Kenako thabwa lalifupi pa njerwa zomwezo, pansi 60 cm, yatuluka 1/2, atagubuduza botolo aliyense anaona yekha kuti pa 1/2 paja ndi potsetsereka kwambiri. Koma chomwe chinandigwira mtima ndi ichi, anauza ana kuti zungulirani muime mbali inayo. Thabwa lomwe limakwera kupita kumanja lija tsopano likutsika. Ndiye anawafunsa, "Thabwali lasintha kapena mwasintha ndinu?" Akuti mainasi ija imangotiuza kuti mzere ukutsika, kutsetsereka kwake muone nambala yokhayo, ndiye 3 ikuposa 2. Anaperekanso chitsanzo cha msewu wa ku Nkhata Bay, popita kunyanja mumatsika, pobwera ku Mzuzu galimoto imalira pa chitunda, koma phiri ndi lomwelo. Ine ndemwe ndinaima pampanda mpaka anamaliza.

Panjira mwana uja ndi amene ankandifotokozera kuti mizere ya gradient yofanana sikumana ngakhale itatalika bwanji, ndipo wogona chabe ndi 0.

Zodandaula zilipo ndithu. Chipinda ndi chaching'ono, ana achuluka moti ena amalembera pamwendo, ndiye ndi mvula yathu ya ku Mzuzu kuno masiku ena za panjazi sizitheka. Amawerukanso mochedwa, kwa mwana wamkazi ine sindimasuka, ndimakamutenga ndekha kapena ndimatuma wa kabaza amene ndimamudziwa. Ndinawauza, anandimvera mwaulemu ndipo akuti ayesetsa kumayamba msanga.

Mukamutumiza wanu mumugulire rula ndi kope la graph, kumeneko sapereka.