Hatch, Embird kapena Ink/Stitch: yopetera mabaji ndi iti?

Anzanga opeta pa makina mwandifunsa kokwanira kuti mwa mapulogalamu atatuwa a pa kompyuta ojambulira mapatani opeta, yabwino pa mabaji ndi iti, ndiye ndiyankhe kamodzin'kamodzi.

Ink/Stitch ndi yaulere, imagwira ntchito mkati mwa pulogalamu yojambulira yotchedwa Inkscape. Ngati m'thumba mwauma, yambirani pomwepo, bola mukhale odekha chifukwa zambiri mumachita kusintha nokha. Embird imaoneka yotchipa poyamba, koma werengani bwino musanalipire: gawo lojambulira mapatani, lotchedwa Studio, limagulidwa padera, la zilembo nalonso padera. Hatch ndi ya kampani ya Wilcom ya ku Australia, mng'ono wake wa pulogalamu yawo yaikulu ya EmbroideryStudio, ndipo amakupatsani masiku 30 oyesera.

Koma chomwe chinandiwawa ine si mtengo. Ndinalandira oda ya magofu 30 a kwaya ina. Chifukwa cha phuma, ndinaponya chithunzi cha baji m'pulogalamu ina yomwe sinditchula, n'kudina batani loti ijambule yokha. Pa kompyuta zinaoneka zamyaa. Pa nsalu, mayo! Gofu ndi nsalu yotamuka, ndiye ulusi unaikoka, bwalo la baji linasanduka dzira, mzere wam'mphepete n'kusiya mpata poonekera nsalu. Zilembo za 4 mm zinangokhala timibulu, "e" ndi "o" osasiyana. Ndinazindikira nditapeta kale asanu, ndipo onsewo ndinagula ena ndi ndalama zanga.

Wolakwa ndinali ine. Pansi panalibe underlay (ulusi woyamba kupetedwa pansi pa patani) yokwanira yogwira nsalu, pull compensation (kukulitsako patani pang'ono polipira kukoka kwa ulusi) inali yochepa, ndipo ulusi unathithikana kwambiri. Masiku ano pa gofu ndimasiya mpata wa 0.4 mm pakati pa mizere ya ulusi, ndimawonjezera pull compensation kufika cha pa 0.3 mm, ndipo chilembo chosakwana 5 mm ndimakana, kasitomala anyinyirike bwanji. Apa ndi pomwe Hatch inanditenga mtima: ukasankha mtundu wa nsalu, imasintha yokha underlay ndi pull compensation, iwe n'kungokonza apa ndi apo. Mu Ink/Stitch zonsezi zilimo, koma uyenera kudziwa kale nambala yomwe ukufuna.

China: fayilo ya patani ya mtundu wa DST, yomwe makina a Tajima ndi ena ambiri amawerenga, sisunga mitundu ya ulusi, ndipo ukaikulitsa kwambiri kapetedwe kamawonongeka. Sungani fayilo yoyambirira. Ya Hatch ndi EMB.

Wa mabaji asukulu tsiku ndi tsiku, tengani Hatch, mwina ndikukondera. Wopeta mayina pa mataulo mwa apo ndi apo, Ink/Stitch ikukwanirani.